Ukwati Wachedwanso: Tinthu Tomwe Komiti Imaiwala Mpaka Tsiku Lenilenilo

Pakhadi munalemba kuti madyerero ayamba 1 koloko masana. Ikukwana 3 koloko anthu adakali m'holo kudzikupiza ndi mapepala a pulogalamu, DJ wabwereza nyimbo zomwezomwezo, akwati sakuoneka. Akatulukira, MC ayamba kuthamangitsa zinthu, magulu ena aitanidwa eni ake atanyamuka kale, mdima n'kugwa keke isanadulidwe. Zoterezi zimaoneka Loweruka ndi Loweruka, kaya ndi ku Ndirande, ku Area 25 kapena ku Chibavi, mpaka tinafika pongovomereza kuti ukwati umatero basi.

Mukafufuza bwino, chomwe chasokoneza sichikhala holo, keke kapena deresi. Zimenezo zimapeza eni ake pamsonkhano woyamba, ndipo anthu amazikangalikira chifukwa zimaoneka. Zogwetsa tsiku ndi tinthu tija munangoti "a komiti aona." Komiti ilibe foni. Simungaiimbire 7 koloko m'mawa kufunsa kuti makiyi a holo ali ndi ndani. Choncho paliponse pomwe nditi "pakhale munthu," ndikunena dzina limodzi ndi nambala yake, zolembedwa papepala lomwe wapampando, MC ndi ankhoswe a mbali zonse ali nalo m'thumba. Munthuyo asakhale mkwati, mkwatibwi kapena mayi a mkwatibwi. Atatuwa tsikulo mutu sugwira.

Abusa akudikira, mkwatibwi sakuoneka

Kawirikawiri amakhala adakali pampando wa kusaluni. Wodzoza nkhope ndi mmodzi, ofuna kudzozedwa ndi gulu, kuphatikizapo azakhali omwe sanali pamndandanda, ndipo mkwatibwi amusungira kumapeto ati kuti zodzola zisasungunuke. Chitani masamu. Ngati munthu mmodzi amatha mphindi 30, operekeza 8 ndi maola anayi, mwini ukwati asanakhudzidwe n'komwe. Ukwati wa 9 koloko ndiye kuti ntchito iyambe tambala asanalire, apo ayi mupeze odzoza awiri. Tsitsi lithe Lachisanu. Mkwatibwi akhale pakati pa mzere, osati kumapeto, kuti nthawi ikathina otsalawo akhale anthu omwe mwambo ungayambe popanda iwo. Funsaninso ngati saluniyo ili ndi jenereta, chifukwa chowumitsira tsitsi sichidziwa kuti lero ndi ukwati.

Ngati si saluni, ndi galimoto. Yonyamula mkwatibwi nthawi zambiri imakhala yobwereka kwa abwana a kuntchito kapena mnzawo wa amalume, yemwe analonjeza miyezi itatu yapitayo ndipo palibe anamukumbutsa. Muimbireni Lachitatu. Dalaivala akaione nyumbayo masana tsikulo lisanafike, chifukwa zolozerana pafoni zija, "mukafika pachigayo mukhotere kumanzere, mufunse ana," zimadya theka la ola. Mafuta thirani Lachinayi. Kuyambira 2022 mafuta akhala akusowasowa m'dziko muno, ndipo galimoto yomangidwa maliboni itaima pamzere wa petulo imamvetsa chisoni kuposa kuseketsa. Maliboniwo amangidwe usiku wa Lachisanu. Pakhalenso galimoto ina yosakongoletsa, ya munthu amene sali pamzere wa operekeza, yongothamangira zoiwalika.

Mphete asunge munthu wamkulu mpaka pakhomo la tchalitchi, kamwana konyamula kapilo kapatsidwe pomwepo. Ziyezedwenso sabata yomweyo, popeza zala zimatupa kukatentha. Ndipo mmodzi mwa operekeza anyamule kachikwama ka singano, ulusi woyera ndi wakuda, mapini, mapadi, mankhwala a mutu, tchaja, botolo la madzi ndi nsapato zafulati za mkwatibwi.

Mapepala

Apa vuto silioneka tsikulo lokha, limatha kutulukira patatha zaka. Mipingo yambiri imalengeza ukwati masabata atatu usanadalitsidwe, ndipo ngati awirinu mumapemphera kosiyana, pamafunika kalata yochokera kumpingo wa winayo. Akatolika amafunanso kalata ya ubatizo ndi maphunziro a banja, ndipo m'nyengo ya Lenti madyerero salimbikitsidwa, ndiye funsani ansembe musanalipire holo. Okamangitsa kwa DC kapena ku ofesi ya Registrar General adziwe kuti chidziwitso chimayenera kukhomedwa masiku 21, si zongofika m'mawa n'kusainirana. Lamulo la maukwati la 2015 silisiya mpata pa msinkhu: onse awiri akhale atakwanitsa zaka 18.

Funsaninso kuti Loweruka limenelo tchalitchicho chili ndi maukwati angati. Kwina amadalitsira pamodzi onse, kwina amapereka nthawi motsatizana, ndipo wochedwa amapezeka wadumphidwa. Mboni zosaina, omwe nthawi zambiri amakhala ankhoswe, zidziwe kuti zikufunika kutsogolo, zisakhale m'basi yochokera ku Ntcheu nthawi yosaina ikamakwana. Musanasaine mtchatho, werengani mayina chilembo ndi chilembo, afanane ndi a pachiphaso cha unzika. Dzina losiyana ndi chilembo chimodzi limadzavuta pofuna visa, penshoni kapena inshulansi. Mukasaina, mtchathowo upite m'manja mwa munthu mmodzi wodziwika, usayende m'holo kuonetsedwa mpaka kudonthezeredwa fanta.

Maola osowa pakati pa tchalitchi ndi holo

Nthawi yambiri imafera apa. Mwambo wa kutchalitchi watha 11 koloko, aliyense akuona ngati nthawi ilipo yambiri. Zithunzi za pakhomo la tchalitchi zilibe mndandanda, ndiye wojambula amangomvera wofuula kwambiri. Kenako gulu lonse likwera magalimoto kupita kukajambulitsa kumalo a maluwa, kumeneko n'kupeza maukwati ena atatu ali pamzere komanso mlonda akufuna ndalama yolowera yomwe palibe anaikonzekera. Kuchoka apo, chakudya cha masana kwa azakhali kutsidya lina la tauni.

Konzani motere. Lembani zithunzi zofunika, magulu osapitirira khumi, ndipo wachibale wodziwa nkhope za mbali zonse aziitana anthu, wojambula azingojambula. Malo ojambulira ndi odyera akhale panjira yopita kuholo. Chakudya cha akwati ndi operekeza chiwatsatire komwe akujambulitsako m'malo moti iwo achitsatire. Koma adye ndithu. Mkwatibwi amene sanalawe kanthu chidzukire, atavala deresi lolemera mu Okutobala, n'kuimirira maola atatu atanyamula basiketi, amagwa, ndipo anthu amayamba kunong'onezana zina. Madalaivala, wojambula, DJ ndi oimba kwaya nawonso ndi anthu. Dalaivala wanjala amasowa pa nthawi yomwe mukumufuna, wapita kukasaka tchipisi.

Yang'anani ndandanda ya mpira. Ngati Bullets ndi Wanderers akukumana pa Kamuzu Stadium Loweruka lomwelo, msewu wa Masauko Chipembere masana si wodalirika, ndipo zimakhalanso chimodzimodzi kufupi ndi Bingu National Stadium ku Lilongwe kukakhala masewero aakulu.

Chifukwa chomwe ndikulimbikira za nthawi ndi dzuwa. Mu Juni ndi Julayi limalowa cha m'ma hafu pasiti 5, ndipo ngakhale mu Okutobala 6 koloko imakwana kutayamba kuda. Anthu oyenda pa minibasi ndi kabaza amayamba kutuluka 4 koloko ikangopitirira. Ola lililonse lomwe mwachedwa mwalichotsa ku perekani-perekani, osati kwina.

Magetsi athima

Musafunse kuti "holo ili ndi jenereta?" chifukwa yankho limakhala eya nthawi zonse. Funsani kuti mafuta ake amagula ndani, woiliza adzakhalapo Loweruka, ndipo imakoka zokuzira mawu pamodzi ndi mafani ndi mafiriji kapena mababu okha. Ailize inu mukuona mkati mwa sabata. Ngati ndi yobwereka, ikhale kutali ndi khomo kuti isalimbane ndi MC, ndiye chingwe chake chikhale chachitali. Ngati holo imayendera mayunitsi, onani otsala pamita. Maikolofoni opanda chingwe amafuna mabatire apadera, ndipo nyimbo zolowera operekeza zikhale pa flash ziwiri, DJ ataziyesa kale. Ana anayeserera masitepe miyezi iwiri, si bwino kuti alowe ndi nyimbo ina chifukwa foni yomwe munali nyimbo yawo yatha moto.

Perekani-perekani: pomwe maubale amathera

Apa ndiye pofunika kukhazikika, chifukwa zolakwika za pano sizitha ndi tsikulo. Mabanja ena sayankhulana mpaka lero chifukwa cha tebulo la makashiya.

Choyamba ndi chenji. Chibwerere K5,000 mu 2022, anthu ambiri amafika ndi mapepala akuluakulu, pomwe povina amafuna kumwaza ma K100, K200 ndi K500 kuti nyimbo ithe adakali pabwalo. Makashiya akayamba opanda chenji, magulu oyamba amangoima pamzere kudikira kuti ena asupe kaye, bwalo n'kuzizira. Pitani kubanki kumayambiriro kwa sabata mukapemphe ndalama zing'onozing'ono, musadikire Loweruka pomwe nthambi zotsegula zimatseka masana asanafike patali. Ndalama yoyambira imeneyi iwerengedwe pamaso pa mbali zonse, ilembedwe, ndipo pomaliza ichotsedwe kaye musanalengeze zomwe zapezeka. Mkangano wodziwika ndi uwu: wina anabwereketsa ndalama yake kuti ikhale chenji, yasakanikirana ndi zosupa, MC walengeza zonse pamodzi, ndipo mwini wake akamaifuna akuoneka ngati akubera akwati.

Makashiya achokere mbali zonse mofanana, akuchimuna ndi akuchikazi. Si kukayikirana, ndi kuwateteza ku miseche. Tebulo lawo litsamire khoma kuti kumbuyo kusadutse munthu, ndipo zikwama zawo zam'manja zisakhale pansi pa tebulo. Otola ndalama pabwalo akhale anthu osankhidwa, ovala nsalu imodzi kuti aliyense aziwazindikira. Wina aliyense wowerama pabwalo, kaya ndi mwana kaya ndi wamkulu wa suti, auzidwe mwaulemu kuti otola alipo. A Reserve Bank akhala akudandaula kuti ndalama zimaonongeka msanga chifukwa chopondedwa m'maukwati, ndipo akunena zoona. Basiketi kapena lichero lalikulu patsogolo pa akwati limachepetsa zopondedwa, limachepetsanso zolowa pansi pa nsapato mwadala.

Kenako mndandanda wa magulu. Ma MC ambiri amayamba ndi achibale, n'kusiya anzawo a kuntchito ndi a kumpingo kumapeto. Ine ndimaona kuti n'kulakwitsa. Achibale sapita kulikonse, agona komweko. Makolo ndi ankhoswe akangotsegulira bwalo, itanani omwe achoke msanga: a kuntchito, ochokera kutali, okalamba. Mndandandawo MC aulandire Lachisanu, mayina ndi maudindo zitalembedwa bwino. Amfumu akabwera alonjeredwe moyenera ndipo mpando wawo ukhale wosungidwa.

Pali nkhani ina yomwe komiti imaopa kuikhudza. Ngati makolo a mkwati kapena a mkwatibwi anasiyana ndipo wina anakwatiranso, MC akati "mayi a mkwati abwere kutsogolo," adzuke ndani? Amene anabereka, kapena amene analera? Nanga bambo amene anasowa mwana ali wakhanda n'kutulukira sabata ya ukwati, akhala pati? Ngati kholo linamwalira, akuimira ndani, amalume kapena azakhali? Izi si za MC, si za wapampando. Ndi ntchito ya ankhoswe, ndipo ithe sabata imodzi tsikulo lisanafike, eni ake atauzidwa pamaso kuti adzaitanidwa motani ndipo adzakhala mpando uti. Zikasiyidwa, zimaphulika pamaikolofoni anthu onse akumva.

MC mwiniyo mugwirizane naye polemba. Ena amatchula mtengo umodzi, ena amafuna gawo la ndalama zosupidwa. Ngati ndi gawo, nenani poyera ngati maenvulopu, ndalama za keke ndi zotumizidwa pafoni zikuwerengedwa nawo. Mumuuzenso malire. MC wokakamiza anthu kubwerera pabwalo kasanu, kapena wonyoza osupa zochepa, amathamangitsa alendo.

Za pafoni: lembani nambala ya Airtel Money ndi ya Mpamba papulogalamu, pamodzi ndi dzina lomwe lituluke potumiza, kuti anthu asakayike. Foniyo ikhale patebulo la makashiya, osati m'thumba la mkwati. Akaunti za pafoni zili ndi malire a ndalama zomwe zingasunge, ndiye ifike tsikulo ili yopepuka. Achibale a ku Joni ndi ku UK omwe amatumiza kudzera ku Mukuru ndi njira zina auzidwe kuti atumize mkati mwa sabata, ndipo mayina awo atchulidwe m'holo. Ngati mwawalonjeza kuonera pa Facebook kapena WhatsApp, pakhale mnyamata wa ntchito yokhayo, wokhala ndi bandulo yokwanira, atayesa netiweki ya m'holomo.

Funso lalikulu ndi ili, ndipo liyankhidwe pamsonkhano, lilembedwe: ndalama za perekani-perekani ndi za akwati zonse, kapena zilipira kaye ngongole za ukwati? Makomiti ambiri amapanga bajeti powerengera malonjezo, kuiwala kuti fodya wako ndi uyo ali pamphuno. Malonjezo akapanda kufika, wa zokongoletsa, wa keke ndi wa matenti amauzidwa kuti "mudzalandira tsikulo," ndipo 5 koloko amakhala ataima kumbuyo kwa makashiya ngati akudikira malipiro a ganyu. Akwati amapita kwawo ndi envulopu yopyapyala osadziwa chomwe chachitika. Ngati palibe kuchitira mwina, akwati adziwiretu kuti ngongole ndi zingati komanso kwa yani. Polipira dipoziti, lembetsani kuti mtengo watsekedwa. Kwacha itagwa ndi 44 peresenti mu Novembala 2023, mitengo yomwe anthu anagwirizana pakamwa inasintha sabata imodzi.

Kuwerenga kukatha, anthu awiri, mmodzi mbali iliyonse, asaine papepala la chiwerengero. Ndalamazo zituluke m'holo mwakachetechete mwambo usanatsekedwe, pagalimoto yosakongoletsa ija, ndipo komwe zikagone adziwe anthu ochepa. Holo yonse yamva kuchuluka kwake, ndipo Lamlungu mabanki satsegula.

Alendo a kumudzi afika Lachinayi

Bajeti imawerengera mbale za Loweruka masana, koma lole ya kumudzi imafika masiku awiri tsikulo lisanakwane ndipo imabwerera Lamlungu kapena Lolemba. Anthu amenewa adya kangati? Werengani ufa, ndiwo, shuga, nkhuni kapena makala, mphasa, sopo. Nyumba ya chimbudzi chimodzi singalandire anthu 40, pemphani aneba nthawi ilipo. Madzi tungirani m'migolo Lachinayi, mipope ya m'tauni imauma osatsanzika. Galimoto yowanyamula kupita kutchalitchi ndi kuholo ikhale yawoyawo. Zimachitika kuti agogo omwe anayenda ulendo wautali atsala pakhomo chifukwa magalimoto onse anadzaza ndi achinyamata. Ndalama ya ulendo wobwerera isungidwe padera isanakhudzidwe ndi china chilichonse.

Chakudya chophikidwa 4 koloko m'mawa n'kudyedwa 2 koloko masana m'nyengo yotentha chimasasa, makamaka mpunga, nkhuku ndi saladi wa mayonezi. Ophika agawike pawiri, ena a m'mawa ena a masana. Pakhomo lodyera pakhale ndowa ya mpopi ndi sopo, osati beseni limodzi losambamo onse. Kolera ya 2022 mpaka 2023 inapha anthu oposa 1,700 m'dziko muno, ndipo malo odyera anthu ambiri ndi omwe matenda otere amakonda. Ogawa chakudya asungiretu mbale za akwati, makolo, ankhoswe ndi makashiya, chifukwa amenewa ndiwo amadya kumapeto, miphika itayera.

Ku zimbudzi za holo kukhale munthu woyenderako: madzi, tishu, sopo. Palibe amafuna ntchito imeneyi, ndiye lembani waganyu.

Mvula ndi mphepo

Wosankha ukwati wa panja pakati pa Novembala ndi Epulo walira mvula, alirenso matope. Tenti ikhale ya m'mbali motsekeka, zingwe za magetsi zisagone pansi, ndipo mudziwiretu chipinda chothawirako keke ndi zida za DJ. Mu Juni ndi Julayi, ku Blantyre, Thyolo ndi Mulanje chiperoni chimatha kugwa tsiku lonse. Operekeza ovala madiresi opanda manja apezereni zofunda.

Kukagwa zovuta

Palibe amafuna kuzitchula pamsonkhano wa ukwati, koma maliro sayang'ana kalendala. Akagwa m'banja kapena m'mudzi momwe muchitikire madyerero, chigamulo si cha komiti. Ankhoswe a mbali zonse akhale pansi ndi akuluakulu a banja, ndipo kumudzi amfumu amve kaye, chifukwa zoimbira sizingalire siwa ili pafupi. Mabanja ena amadalitsa ukwati kutchalitchi mwakachetechete n'kusuntha madyerero, ena amasuntha zonse. Chomwe komiti ingachite nthawi ilipo ndi kufunsa a holo, ophika ndi wojambula, tsiku lolipira dipoziti, kuti tsiku likasintha pa chifukwa chotere ndalamayo isamukira ku tsiku latsopano kapena yapita. Yankho lilembedwe palisiti.

Nyimbo yomaliza ikatha

Komiti yambiri imabalalika akwati akangotuluka, pomwe ntchito ina ikuyamba kumene. Mphatso zilembedwe m'kope pomwe zikulandiridwa, dzina ndi chinthu, chifukwa makhadi amathothoka. Zikhale ndi galimoto yake ndi nyumba yokafikira, makiyi a nyumbayo ali ndi munthu amene ali m'galimotomo. Mipando, mbale, masupuni, nsalu za patebulo ndi makreti a zakumwa ziwerengedwe pofika ndi pochoka, mwini wake kapena wantchito wake alipo. Mabotolo amasowa kwambiri, ana amatola. Funsani kuti holo mukuyenera kutulukamo nthawi yanji, kupitirira apo amalipiritsa zingati, ndipo wosesa ndi ndani.

Akwati adziwike komwe akagone ndi amene akawatule, chikwama cha zovala zosinthira chili kale m'galimoto, ndi chakudya chamadzulo. Ngati ankhoswe ndi alangizi akufuna kukhala nawo usiku womwewo, nthawi yake igwirizanidwe, isakhale yotulukira pomwe anawo akugwa ndi tulo.

Suti, deresi ndi zina zobwereka zimabwezedwa Lolemba, ndipo ambiri obwereketsa amalipiritsa tsiku lililonse lopitirira. Amene akabweze atenge lisiti, ayang'ane m'matumba a jekete, ndipo akatenge ndalama ya chikole yomwe munasiya. Msungichuma aitanitse msonkhano womaliza sabata isanathe, abwere ndi kope, malisiti ndi pepala lija anasaina anthu awiri.